Lilongwe: Mmene Midzi Inasandukira Likulu la Dziko

Boma la m'mbali mwa mtsinje

Mtsinje wa Lilongwe umachokera m'mapiri a Dzalanyama, kumalire ndi dziko la Mozambique. Umatsika n'kudutsa m'dera lalikulu la nthaka yachonde. Kale dera lonseli linali midzi ya Achewa. Anthu ankalima chimanga, mtedza, nyemba ndi maungu. Ankaweta ng'ombe ndi mbuzi. Mudzi uliwonse unali ndi mfumu yake, bwalo lake ndi manda ake. Mnyamata akakwatira ankapita kuchikamwini, n'kumalima munda wa kwawo kwa mkazi.

Atsamunda a ku Britain anamanga boma lawo m'mbali mwa mtsinjewu, m'dera la mfumu Njewa. Pofika mu 1904 linali boma lokhazikika, lokhometsa msonkho ndi kuweruza milandu. Amwenye anatsatira n'kutsegula masitolo. M'zaka za m'ma 1920 ulimi wa fodya unakula m'chigawo chapakati, ndipo Lilongwe anapezeka pamphambano: msewu wina wopita ku Dedza ndi ku Blantyre, wina ku Salima, wina ku Kasungu, wina ku Fort Jameson, kumene lero timati ku Chipata. Mu 1947 boma linalengeza kuti Lilongwe ndi tauni.

Tauniyo inali yogawikana. Azungu ndi maofesi awo anali tsidya lina la mtsinje, kumtunda. Masitolo a Amwenye ndi msika zinali tsidya linalo. Zipatala zinali ziwiri: cha azungu ankachitcha Top, cha anthu akuda ankachitcha Bottom. Bottom ndi chimene lero chili chipatala cha Bwaila, koma achikulire ambiri sanasiye dzina lakalelo.

Pa kalembera wa mu 1966, anthu a m'tauni ya Lilongwe anali 19,425 basi.

Loto la ku Gwelo

Kuyambira mu 1891 likulu la dziko linali ku Zomba. Zomba ndi malo okongola, koma ali m'tsinde mwa phiri, ndipo pokulira ndi pochepa. Chinanso, pafupifupi chilichonse chachikulu chinali kummwera: mafakitale, mabanki, minda ya tiyi. Munthu wa ku Karonga kapena ku Mzimba wofuna thandizo ku likulu ankagona m'njira.

Dr Hastings Kamuzu Banda ankanena kuti ali m'ndende ku Gwelo, kumene lero ndi ku Gweru m'dziko la Zimbabwe, analota maloto atatu. Loyamba linali kusamutsira likulu ku Lilongwe. Enawo anali yunivesite ku Zomba ndi msewu wa m'mbali mwa nyanja. Dziko litalandira ufulu mu 1964, nkhani ya likulu sinachedwe. Iye ankati likulu likakhala pakati, chitukuko chidzafika kumpoto ndi pakati pomwe. Ena ankanong'ona kuti wangofuna likulu pafupi ndi kwawo ku Kasungu. Zonse ziwiri zikhoza kukhala zoona.

Boma la Britain linakana kupereka ndalama. Linati ntchitoyo ndi yodula, ndipo dziko losauka lili ndi zina zoyamba nazo. Kamuzu anatembenukira ku South Africa, dziko limene pa nthawiyo linkalamulidwa ndi azungu atsankho, ndipo maiko ambiri a mu Africa ankalisala. Mu 1968 South Africa inapereka ngongole ya ma rand 8 miliyoni. Chaka chomwecho panakhazikitsidwa bungwe lomanga likulu, la Capital City Development Corporation, limene anthu ankangoliti CCDC. Mu 1975 Lilongwe anakhala likulu la Malawi.

Mzinda wa papepala

Mapulani oyamba anajambulidwa ndi akatswiri a ku South Africa. Iwo sanafune kungokulitsa tauni yakale ija. Anasankha malo ena kumpoto, kutsidya kwa mtsinje wa Lingadzi. Pachitunda anaikapo maofesi a maunduna, ndiye Capital Hill. Kumunsi kwake anaika mabanki ndi maofesi a makampani, ndiye City Centre. Kumpoto kwake kunabwera Kanengo, kwa mafakitale, nkhokwe zikuluzikulu za chimanga ndi okushoni ya fodya. Kumapeto kwenikweni ndi ku Lumbadzi, kumene bwalo la ndege linatsegulidwa mu 1983. Chipatala cha Kamuzu Central chinayamba kulandira odwala mu 1977, ndipo njanji yochokera ku Salima inafika mu 1979.

Pakati pa zigawozi anasiyapo tchire ndi mitengo mwadala. Ankafuna mzinda wa mpweya wabwino, wopanda kuthithikana. Mpaka lero pakati pa tauni yakale ija, ya Old Town, ndi City Centre pali nkhalango yosungidwa.

Papepala zinkaoneka bwino. Koma mzinda wotalikirana chonchi umakomera munthu wa galimoto, ndipo mu 1975 Amalawi a galimoto anali owerengeka. Mtunda umene wojambula anauyeza ndi rula, mayi wogulitsa mandasi anadzauyenda ndi miyendo, beseni lili pamutu.

Eni nthaka

Malo amene anamangapo likulu anali ndi eni ake. Panali midzi, minda, madimba ndi manda. Boma linatenga malowo, ndipo mabanja ambiri anauzidwa kuti asamuke. Pa malo a makolo, chipukuta misozi chinkakhala cha nyumba, mbewu ndi mitengo. Nthaka yeniyeniyo sinkawerengeredwa mtengo. Inali nthawi ya chipani chimodzi, ndipo kukana kunali kudziputira mavuto.

Ena anapita kukapempha malo kumidzi yakutali. Ena anangosendera pang'ono, kunja kwa malire, ndipo patapita zaka mzinda unawapeza komweko. Mlimi wopanda munda anasanduka waganyu. Anaumba njerwa, anaphwanya miyala, anakumba maziko a nyumba za ena. Munthu amene ankatapa chimanga m'nkhokwe yake anayamba kugula ufa pamsika.

Mukamayenda mu Lilongwe mudzaona kamsitu ka mitengo yakalekale katazingidwa ndi nyumba. Nthawi zambiri amenewo ndi manda a mudzi umene unalipo. Nyumba zafika m'mphepete mwenimweni, nkhuni zikusowa, koma nkhwangwa sililowamo.

Nyumba malinga ndi thumba

Mzindawu unagawidwa m'madera a manambala. Manambalawo sanatsate kuyandikana kwa malo. Area 43 wagundana ndi Area 10, pamene Area 24 ndi Area 25 ali kumalekezero awiri a mzinda. Mlendo wongotsika basi amasokera nazo. Madera ena, monga Kawale, Biwi, Mchesi ndi Chilinde, nambala zawo zinatsalira m'mabuku a khonsolo, anthu amatchula maina.

Dera lililonse linali ndi anthu ake. Kumayadi, monga Area 10, Area 12 ndi Area 43, kunali kwa akuluakulu a boma, akazembe ndi eni makampani: puloti yaikulu, udzu wothirira, kanyumba ka wantchito kuseri. Ku Area 18 bungwe la Malawi Housing Corporation linamanga nyumba zofanana m'mizere, za ogwira ntchito m'boma amene ankasamutsidwa kuchoka ku Zomba ndi ku Blantyre. Kwa anthu opeza zochepa kunali mapuloti odzimangira, monga a ku Area 25, kufupi ndi mafakitale a ku Kanengo. Munthu ankapatsidwa puloti, chimbudzi chokumba, ndi mpope wa onse chapafupi. Nyumba ankamanga yekha ndi zimene angathe, kaya zidina kaya njerwa zootcha.

Tsankho la khungu lija linatha, la thumba linalowa m'malo. Kumudzi wopeza bwino ndi wosauka amatunga pachitsime chimodzi, ana awo amasewera bwalo limodzi. Mumzinda watsopanowu mapulani anawalekanitsa ndi makilomita.

Amene anapeza puloti sanachedwe kuzindikira kuti m'manja mwawo muli geni. Anamanga nyumba yawo kutsogolo, kuseri n'kumanga mdadada wa zipinda zalendi. Pa puloti imene inajambulidwira banja limodzi panakhala mabanja angapo. Onsewo chimbudzi chimodzi, bafa imodzi, chingwe choyanika zovala chimodzi. M'mawa pamakhala mzere wa ndowa pakhomo pa bafa. Pakhoma pamalembedwa tsiku la aliyense lotsuka chimbudzi, ndipo ndewu zambiri za pa puloti zimayambira pomwepo. Koma mayi akadwala usiku, amene amamuperekeza kuchipatala ndi mnzake wa chipinda chinacho, amene anakangana naye dzana.

Amene sanawerengedwe

Anthu anabwera ambiri kuposa mmene mapulani anaganizira. Mu 1977 mu Lilongwe munali anthu 98,718. Mu 1987 anafika 223,318. Mu 1998 anali 440,471. Mu 2008 anali 674,448, ndipo Lilongwe anapitirira Blantyre. Pa kalembera wa mu 2018 anali 989,318.

Mapuloti a boma sanakwane. CCDC inatha mu 1984, ndipo ntchito yodula mapuloti atsopano inatsalira kutali ndi chiwerengero cha obwera. Wongofika kumene ankapita kwa mfumu ya mudzi wa m'mphepete mwa mzinda, n'kupereka kangachepe, n'kulozeredwa pomanga. Ndi mmene anakulira Mtandire, Chinsapo, Kauma ndi Mgona. Lipoti la bungwe la UN-Habitat la mu 2011 linati pa anthu anayi alionse a mu Lilongwe, atatu ankakhala m'madera otere, osajambulidwa pa mapulani.

Taonani pamene maderawa anamera. Mgona wagundana ndi Kanengo. Kauma ali kuseri kwa mayadi. Mtandire wayang'anizana ndi Area 47, pakati pali mtsinje wa Lingadzi. Izi sizinachitike mwangozi. Mlonda, wophika, wosamalira maluwa ndi wonyamula mabelo a fodya amafuna kugona pamene angafike kuntchito wapansi. Ojambula mzinda anaika ntchito za anthuwa pa mapulani, n'kuiwala pogona pawo.

M'madera amenewa nyumba zinayamba, misewu n'kubwera pambuyo. Njira zina ndi zopapatiza moti ambulansi silowa, wodwala amanyamulidwa mpaka kumsewu. Ngalande kulibe. Ena anamanga m'mbali mwenimweni mwa mtsinje, poti ndi pamene panali potsika mtengo. Mu February 2017 Lingadzi anasefukira m'mawa, anagwetsa nyumba ku Mtandire, ndipo asilikali anachita kupulumutsa anthu pa helikopita.

Ulendo wa m'mawa

Kukamacha, misewu yolowa mumzinda imakhala itadzaza kale ndi oyenda pansi. Alonda akuweruka, akupita kukagona. Antchito a m'nyumba akuthamangira kumayadi kuti akateleke madzi abwana asanadzuke. Njinga zamakala zikutsika kuchokera mbali ya Likuni, matumba atasanjidwa kupitirira mutu wa wokankha.

Pa siteji woitanira akukuwa, akumenya chitseko cha minibasi. Wa ku Area 25 amene amagwira ntchito kummwera kwa mzinda amakwera ziwiri: ina yomusiya mu depoti, ina yomufikitsa. Madzulo chimodzimodzi. Mafuta akakwera mtengo, mayendedwe okha amadya gawo lalikulu la malipiro, ndipo ambiri amasankha kuyenda wapansi ulendo umodzi. Kumene minibasi sifika kuli akabaza. Anayamba ndi njinga zakapalasa, pano njinga zamoto zadzaza paliponse.

Madzi ndi makala

Kumudzi madzi ndi nkhuni zimafuna mphamvu. M'tauni zimafuna ndalama.

Madzi a mzindawu amachokera mumtsinje wa Lilongwe womwewo. Kumtunda, ku Malingunde, kuli madamu awiri: loyamba linamangidwa mu 1966, lachiwiri mu 1989. Kumayadi mpope uli m'nyumba. M'madera ambiri osajambulidwa anthu amagula pa kiyosiki, ndowa imodzi imodzi. Madzi akavuta, amayi amasiya zigubu pamzere usiku, n'kudzuka m'bandakucha akamva kuti mpope wayamba kudontha. Wosowa ndalama amatunga pachitsime chosaya, chimene nthawi zina chili pafupi ndi chimbudzi. Kolera amadzera pomwepo. Mu January 2023 sukulu za mu Lilongwe ndi Blantyre zinachedwa kutsegulidwa chifukwa cha matendawa.

Pophika, mabanja ambiri amadalira mbaula, ngakhale amene ali ndi magetsi. Makala ambiri amachokera ku Dzalanyama. Apa pali vuto lalikulu, chifukwa nkhalango imene ikuotchedwa makala ndi yomweyo imene imasunga madzi a mtsinje. Mu 2015 boma linatumizako asilikali kukalondera mitengo. Komabe nsima iyenera kuphikidwa tsiku lililonse, ndipo njinga zija sizinasiye kutsika.

Mfumu ya m'tauni

Lamulo la mafumu la mu 1967 silipatsa mafumu mphamvu mumzinda, pokhapokha khonsolo italola. Ojambula mzinda ankaona kuti khonsolo, polisi ndi khoti zikwanira. Anthu anaona mwina. Mbuzi ikadya ndiwo za m'dimba la mnansi, kapena malire a puloti akasuntha usiku, palibe amathamangira kukhoti. Pamafunika munthu wodziwa onse awiri. Choncho m'madera ambiri muli mafumu. Ena ndi a magazi, ochokera kumidzi imene mzinda unameza. Ena anangosankhidwa ndi anthu a m'deralo chifukwa cha khalidwe lawo, ngakhale kwawo kuli ku Rumphi kapena ku Mulanje.

Ntchito yawo imaonekera kwambiri pamaliro. Munthu akamwalira, uthenga umayamba wafika kwa mfumu. Anyamata amaika masamba pamsewu kuti odutsa adziwe. Kope limayenda khomo ndi khomo, aliyense n'kulembetsa chimene wapereka, kaya ndalama kaya mbale ya ufa. Amayi amasonkha moto kuseri, amvano amagona m'nyumba ya siwa akuimba. Amene sapita pamaliro a anzake amadziwika, ndipo tsiku lake likafika amaona yekha mipando ili mbee.

Kenako pamabwera funso lovuta: tiika kuno kapena kumudzi? Ambiri, ngakhale akhale mu Lilongwe zaka zambirimbiri, amafuna kukagona pafupi ndi makolo awo. Koma galimoto yonyamula bokosi mpaka ku Chitipa kapena ku Nsanje ndi ndalama zambiri. Kuntchito amathandizako, kumpingo amasonkha, achibale amatumiza pafoni. Pali magulu a anthu ochokera boma limodzi amene amasonkherana mwezi ndi mwezi podikira tsiku lotere. Zikakanika, maliro amaikidwa m'manda a mumzinda, monga a ku Area 18. Ana amene anabadwira m'tauni, amene kumudzi amangokudziwa pa tchuthi, ambiri saonanso chifukwa chopititsira maliro kutali.

Gule Wamkulu nayenso sanachoke. M'madera amene kale anali midzi ya Achewa, pa maliro a mfumu kapena pa chiliza, gule amatulukabe, n'kudutsa pakati pa magolosale ndi mashopu otchajira mafoni.

Banja pakati pa alendo

Likulu linasonkhanitsa Atumbuka, Atonga, Ankhonde, Ayao, Alomwe, Asena ndi Angoni pamodzi ndi eni dera. Makolo amalankhula chakwawo m'nyumba, ana akatuluka panja amalankhula Chichewa. Adzukulu ambiri chinenero cha agogo awo amangochimva, kuyankha sangathe.

Chikamwini chinafooka, poti m'nyumba yalendi mulibe mkamwini. Malume, amene kumudzi ndiye mwini mbumba, ali kutali, ndipo fizi amalipira ndi bambo. Banja likagwedezeka, ankhoswe enieni sangafike msanga. Amene amakhala pansi ndi awiriwo ndi mkulu wa mpingo, shehe, kapena mnansi wachikulire. Amayi anapezanso abale atsopano mu chipereganyu ndi banki m'khonde, kumene amabwerekana mpamba wa geni.

Kumudzi sikunatayidwe. Nthawi yokolola mabasi olowa mumzinda amadzaza matumba a chimanga. Nthawi yodzala ndalama za feteleza zimapita kumudzi. Ndipo mvula ikagwa, malo aja amene anasiyidwa kuti akhale okongoletsa mzinda amamera chimanga, mpaka m'mbali mwa misewu ikuluikulu.

Msika unakana kusamuka

Ojambula ankayembekeza kuti mtima wa mzinda udzakhala ku City Centre. Maofesi alikodi, koma dzuwa likalowa kumakhala zii. Malonda anatsalira ku Old Town, mumsewu wa Malangalanga, mu depoti ndi mumsika waukulu. Mu 2006 boma linachotsa mavenda m'misewu n'kuwalozera m'misika. M'mbali mwa mtsinje muli misika ya Tsoka ndi Lizulu, wina wodziwika ndi kaunjika, wina ndi ndiwo zamasamba. Pakati pake anyamata anakhoma milatho yamitengo, ndipo wowoloka amalipira kandalama. Milatho imeneyi sinajambulidwe ndi katswiri aliyense. Madzi akaikokolola, eni ake amakhomanso ina.

Kumene mzinda ukulowera

Boma linasamuka pang'onopang'ono. Aphungu anapitiriza kukumana ku Zomba mpaka mu 1994, ndipo nyumba yawoyawo ya malamulo ku Lilongwe inatsegulidwa mu 2010, yomangidwa ndi thandizo la dziko la China. Bwalo la masewero la Bingu linatsegulidwa mu 2017. Misewu ina yakuzidwa, ndipo pa Area 18 pali msewu wodutsa pamwamba pa unzake.

Kusintha kwakukulu kukuchitikira kumalire. M'mbali mwa misewu ya ku Mchinji, ku Dedza, ku Salima ndi ku Likuni, minda ikusanduka mapuloti. Tsopano si boma limene likusamutsa anthu. Mwini munda amagulitsa yekha, nthawi zina abale ake osadziwa, ndipo milandu ya malo ogulitsidwa kawiri yachuluka. Wogula amayamba ndi mpanda, kenako kachipinda ka mlonda, nyumba yeniyeni imadikira zaka. Wogulitsa amagula malata kapena njinga yamoto. Ndalama zikatha, amakapempha ganyu yoponya njerwa pa munda wake wakale.

Nyumba zatsopanozi zikufunanso madzi, ndipo madamu a ku Malingunde sangakwanitse okha. N'chifukwa chake boma linayamba ntchito yokoka madzi kuchokera ku nyanja, ku Salima, mtunda woposa makilomita 100, kukwera nawo chitunda mpaka ku likulu.